Mama Futa ndi Dzanja la a Romanus

Ku Mbamba Bay mukafunsa za mayi Ketrina, anthu amayamba ayang'anana kaye. Koma mungoti Mama Futa, ngakhale wa bodaboda, wonyamula anthu pa njinga yamoto, amene wafika dzulo kuchokera ku Mbinga akulozerani kashopu ka chitseko chobiriwira kuseri kwa msika, komwe makina a fotokope amalira tsiku lonse. Dzinalo anawapatsa ndi aphunzitsi a pasekondale, poti futa pa Chiswahili ndiye kuti fufuta, ndipo eni ake sanalikanepo. Amalinyadira kumene.

Kwawo ndi ku Likoma. Anaoloka nyanja ali mtsikana ndi mtolo wa zitenje zogulitsa, zitenje zinatha koma iwo sanabwerere, chifukwa panali mphunzitsi wina wa ku Liparamba dzina lake Romanus amene anagula zitenje zitatu chonsecho analibe mkazi. Bamboyo anaphunzira chinenero cha mtsikanayo kuti amufunsire bwino, ndipo mpaka lero amachiyankhula chopindikapindika, mayi Ketrina n'kumawakonza pamaso pa alendo. Kutaipa mayi Ketrina anaphunzirira ku ofesi ya parishi pa makina akale aja ogogoda. Makompyuta atabwera palibe anawaphunzitsa. Ankangodina, kulakwitsa, kutukwana pang'ono, kudinanso.

Ntchito imene inawatchukitsa si fotokope ayi. Ndi kupalira. Inu mukudziwa kuti kompyuta yatsopano simabwera yokha. Mumapeza muli magemu a makadi, a timipira todumpha, a tizipatso togwa kumwamba, kuphatikizanso mapulogalamu a kampani imene inapanga makinawo: ina yokukumbutsa kuti ulembetse, ina yokutsatsa malonda, ina yongodzuka nawe limodzi n'kumatafuna bandulo ya intaneti mwakachetechete. Zonsezo mayi Ketrina amazitcha udzu. Amakhazika laputopu patebulo, kukweza magalasi pamphuno, kutsegula mndandanda wa mapulogalamu n'kuyamba kutsika nawo umodziumodzi. Kompyuta ikafunsa ngati akutsimikiza kuti achotse, iwo amayankha mokweza kuti, "Ndinatsimikiza iwe usanabadwe!" Akamaliza apo amalowa m'mafoda kukasaka zotsalira, zimene amati mizu. Mafundi ena okonza makompyuta amasiya mizu. Mama Futa, ng'o!

Magemu a makadi ndiye amadana nawo mwapadera. Bambo awo anali mkulu wa mpingo, ndipo tsiku lina atapeza makadi m'thumba la mwana wawo wamwamuna anawaotcha pabwalo ana onse akuonerera. Mayi Ketrina anakula ndi fungo limenelo m'mphuno.

Tsono a Romanus. Munthu ameneyu anali wa moni. Kuchoka kunyumba kukafika kutchalitchi ndi mtunda wa mphindi khumi, koma iwo zinkawatengera ola lathunthu, chifukwa aliyense wokumana naye, msodzi kaya mwana wasukulu, ankayenera kugwidwa chanza ndi kufunsidwa za kunyumba. Kenako chaka chathachi sitiroko inawagwetsa m'munda wa chinangwa. Mwendo unabwerera, lilime linabwerera, koma dzanja lamanja linakana. Zala zinapindikira m'chikhatho n'kukhala choncho. Ndipo a Romanus analeka kutuluka. Anthu ankati, mzee, mkulu wathu, tipatseni lamanzere lomwelo, Mulungu akudziwa. Iwo ankapukusa mutu. Dzanja lamanzere lili ndi ntchito yake kuseri kwa nyumba, ndipo iwo sakanalitambasulira munthu wobadwa kwa mayi.

Nkhani inafika poipa pamene Jackline, mwana wawo wotsiriza, anabwera ndi mawu akuti makolo a mnyamata wake, anthu a ku Tingi, adzafika Loweruka lotsatira Pasaka kudzadziwana ndi banja. A Romanus anamvetsera mpaka kumapeto, kenako anati, "Dzanjali likakhala chonchi, mudzawauze kuti ndapita ku Songea. Adzawalandira ndi mng'ono wanga Alois." Jackline analira mpaka maso kutupa. Mayi Ketrina anakalipa, ananyengerera, anatchula ngakhale dzina la bambo mfumu wa parishi, koma mwamuna wawoyo akanena wanena. Kunali kutatsala masabata asanu ndi limodzi.

M'nyumbamo munali laputopu imene Deo, mwana wawo woyamba, anatumiza kuchokera ku Songea pa Khirisimasi kuti bambo ake azimvera nyimbo za kwaya. Mayi Ketrina sanaikhudze miyezi itatu yonse, poti inali nyengo ya mafomu a sukulu ndipo ankafika kunyumba miyendo ikugwa. Koma Lamulungu lina masana, a Romanus atagona, anaitsegula kuti aone zithunzi za mdzukulu. Inatenga nthawi kuti idzuke. Itadzuka, maso awo anagwera pa sikirini. Kalanga ine! Udzu mpaka m'khosi, m'nyumba mwa Mama Futa mwenimweni! Anthu akanamva akanati chiyani? Anapita kukatenga magalasi.

Anapalira tsiku limenelo ndi mtima wonse, ngati mphatso kwa mwamuna wawo. Magemu onse, pulogalamu ya kampani imene inkasunga magemuwo, zokumbutsa, zotsatsa. Anapezanso pulogalamu yobwezeretsa kompyuta mmene inalili pochoka kufakitale, yodya malo ambiri, ndipo anati nanga tibwezeretsenso udzu? Nayonso inapita, ndi mizu yomwe. Kompyuta inayamba kudzuka msanga, iwo n'kuitseka mokhutira.

Lachiwiri a Romanus anasiya tiyi wawo kuzizira. Lachitatu mayi Ketrina pobwera kushopu anawapeza atakhala pampando kuyang'ana khoma, laputopu ili chitsekere, ndipo atawafunsa ngati mutu ukuwawa anangoti, "Ndili bwino, mayi a Deo."

Amene anaulula ndi Yustina, mayi wa nyumba yoyandikana nayo, akuyanika usipa pathandala. "Kodi mzee wadwalanso?" anafunsa. "Masiku onsewa mukangochoka m'mawa, ndimawamva akukangana ndi makina awo aja. Gwira! Gwira, chala iwe, usataye! Mpaka ine ndimaseka ndekha kuno. Koma sabata ino kuli zii."

Mayi Ketrina anamusiya Yustina pomwepo. Analowa m'nyumba osavula ndi nsapato zomwe, n'kukhala pansi pafupi ndi mpando wa mwamuna wawo.

"Bambo a Deo, mumachita chiyani ndi kompyuta ija ine ndikachoka?"

A Romanus anatenga dzanja lamanja ndi lamanzere, kuliika pabondo, ndipo analuma mano. Chala cha mkombaphala chinatambasuka pang'onopang'ono. Chapakati chinatsatira, chikunjenjemera. Miyezi khumi ndi inayi mayi Ketrina anali asanaone mkati mwa chikhatho chimenecho popanda kuchikanula okha posambitsa.

"Munali gemu ya makadi," anatero a Romanus. "Umadina khadi ndi mausi, osasiya batani, n'kulikoka kukaliika pa linzake. Ukasiya batani khadi limabwerera. Poyamba ndinkagwetsa lililonse. Loweruka ndinakoka makumi awiri osagwetsa."

"Nanga osandiuza bwanji?"

"Makadi, mayi? M'nyumba mwanu?" Anamwetulira mbali imodzi. "Komanso ndinkafuna mudzaone tsiku la alendo."

Mayi Ketrina anachita manyazi, manyazi enieni otentha kumaso, ndipo misozi inagwera pa zala ziwiri zija.

M'mawa mwake anainyamula laputopu kupita nayo kushopu, akuti chimene ndachotsa ine ndibwezera ine. Ha! Anali atapalira bwino kwambiri. Anasaka pa intaneti, netiweki ikubwera ndi kuthawa, n'kupeza magemu ena a makadi. Ina inali ndi timakadi ting'onoting'ono, ina inali ndi wotchi yothamangitsa munthu, ina pakati pa masewera inkatulutsa chithunzi cha malonda. A Romanus anayesa zonse zitatu mwaulemu. Chala chinkaphonya, wotchi inkawatha, ndipo anakankhira mausi kutali. Yawo ija inali ya makadi akuluakulu, ndipo inkadikira munthu ngakhale atenge ola. Mayi Ketrina anaimbira Deo. Deo anati musadandaule amayi, muli pulogalamu yobwezeretsa zonse. Kumbali ino kunali chete. "Amayi," anatero Deo, "musandiuze kuti nayonso munachotsa." Iwo anadula foni.

Sabata yonse inapita choncho, ndipo zala ziwiri zija zinayamba kubwerera kumene zinachoka.

Lachisanu linalo kunabwera a Gasper, mphunzitsi wa ku Chiwanda, atanyamula laputopu yatsopano ili m'katoni yake. Analonjera mwaulemu m'Chiswahili. "Mama Futa, shikamoo. Ndipalireni iyi, musasiye ngakhale kamodzi." Mayi Ketrina anaona katoniyo mtima n'kudumpha, chifukwa inali yofanana ndi imene Deo anatumiza. Anaitsegula, anadikira kuti idzuke, ndipo pakona pa sikirini panali kachithunzi ka makadi atatu. Anadina. Makadi akuluakulu anayalika pa nsalu yobiriwira n'kukhala phee, kudikira.

"Aphunzitsi," anatero mayi Ketrina, "ndili ndi ina ngati yomweyi, yopalira kale, yothamanga. Tisinthane. Mutenge imeneyo, ine munsiyire iyi mmene ilili."

"Ndi magemu omwe?"

"Ndi magemu omwe."

A Gasper anaseka mpaka kugwira chitseko. Atamva chifukwa chake analeka kuseka ndipo anavomera pomwepo, koma pakamwa pa mphunzitsi sipatsekeka. Pofika masana msika wonse unali utadziwa kuti Mama Futa wapempha magemu. Amayi ogulitsa tomato ankawakuwira kuti, "Mama, lero tiseweranso makadi?" Iwo anadutsa pakati pawo mutu uli m'mwamba, laputopu ataikulunga m'chitenje ngati khanda. Nyimbo za kwaya ndi zithunzi anasamutsa ndi fulashi. China chilichonse sanakhudze, ngakhale pulogalamu yokumbutsa kulembetsa ija, imene inkatulukira m'mawa uliwonse n'kumawayang'ana m'maso.

Kuyambira tsiku limenelo shopu inkatsekedwa ola limodzi masana, chinthu chimene sichinachitikepo ngakhale tsiku limene denga linadontha. Mayi Ketrina ankakhala pambali pa mwamuna wawo, poyamba atapinda manja ngati munthu amene wakakamizidwa kuonerera tchimo. Patatha masiku atatu Yustina anayamba kumva mawu awiri. "Gwira, chala iwe!" Kenako: "Lofiira pa lakuda, bambo a Deo, kodi maso nawonso anagwidwa sitiroko?" Bambo awo a ku Likoma akanadzuka kumanda akanakomoka. Madzulo ankawathira madzi ofunda pa dzanjalo ndi kuliwongola chala chimodzichimodzi. Chachitatu chinatseguka sabata ya Kanjedza. Chaching'ono ndi chachikulu zinkangogwedezeka.

Loweruka la alendo, Jackline anasesa bwalo kawiri. Alois anafika m'mamawa atavala jekete, wokonzeka kuimira mkulu wake. A Romanus anali m'chipinda, chitseko chotseka, ndipo palibe ankadziwa ngati ali ku Songea kapena ali pakhomo. Mayi Ketrina sanagogode. Anangowaikira malaya oyera pampando kunja kwa chitseko, ndipo atadutsanso anapeza malayawo palibe.

Anthu a ku Tingi anafika asanu, patsogolo pali bambo wa mnyamatayo, mkulu wa imvi wamtali. Anaodira. Alois anakonza jekete n'kuyamba kuimirira. Pamenepo chitseko chinalira, a Romanus n'kutulukira pakhonde, mabatani a malaya atamangidwa mophonyana. Anatsika masitepe awiri aja okha. Mkono wamanja sukanakwera wokha kufika pamene moni umafunika, tsono anaugwira pachigongono ndi dzanja lamanzere n'kuukweza, mmene munthu amachitira popereka moni kwa amene akumulemekeza kwambiri. Zala zinatseguka, zitatu bwinobwino, ziwiri pang'ono. Mkulu wa ku Tingi ataona ulemu woterowo kuchokera kwa mwini khomo, nayenso anagwira chigongono chake n'kuwerama. Zikhatho zinakumana.

"Karibuni," anatero a Romanus powalandira m'Chiswahili. "Kunyumba mwasiyako bwanji?"

Anawagwira chanza onse asanu, aliyense ndi mafunso ake a kunyumba, ana, minda ndi mvula, mpaka tiyi anazizira m'makapu. Jackline anathawira kukhitchini kukalira. Atamaliza mlendo womaliza, a Romanus sanatsitse mkono. Anatembenuka, kudutsa Alois, n'kukaima pamaso pa mkazi wawo amene anali pakona pa khonde ndi thireyi m'manja.

"Nanga mayi awa a ku Likoma," anatero m'Chichewa chawo chopindika chija, "sindinawapatse moni chaka chonse."

Mayi Ketrina anaika thireyi pansi, anapukuta manja pachitenje n'kupereka dzanja. Zala zija zinatseka pa zawo, ndipo zinafinya mpaka mphete yaukwati imene ankavala kumanja inalowa m'mnofu.

"Mukundipweteka, bambo a Deo," anatero.

Koma dzanja sanachotse.