Chipupa Choyela cha Amai Daka

Chifuwa cha a Luckson Daka chimayamba tambala woyamba asanalile. Sichili chonyowa ngati cha chimfine ayi. N'chouma, chimakhulika ngati munthu akukoka thumba la chimanga pa simenti, kenako chimaleka, n'kutsala befu. Akazi awo, amai Ennie Daka, adachizolowela moti amadzuka chisanayambe. Amakhala tsonga mumdima namatchela khutu mbali ziwili: kuno kwa amuna awo, ndi kuseli kwa chipupa kumene kumagona mwana wawo Misozi ndi kamdzukulu kawo Ivan. Kamwanako kakangoti khosu kamodzi, tulo ta amai Daka tathela pomwepo.

Amai Daka adabadwila ku Luembe, kudela la Nyimba. Sukulu sadapite nayo patali, koma manja awo adali ndi mphatso. Akali mtsikana ankadziwa kale dothi lomata ndi dothi lozilila, lofiila la kumtunda ndi lakuda la kudambo. Atakwatiwa adatsata amuna awo ku Nyampande, chifukwa a Daka ankagwila nchito yokhoma madenga kuboma la Petauke, ndipo kuchokela kumeneko njinga inkafika.

Ku Nyampande, Khisimasi ikayandikila, mkazi aliyense amazila nyumba yake. Amazila pansi, pakhonde ndi zipupa zomwe, kuti alendo akafika aone kuti pano pali mkazi. Vuto ndi limodzi: dothi likauma limachita ming'alu, ndipo mvula ikaomba kawili katatu limatuwa n'kuyamba kugwa. Amai Daka ankadana ndi ming'alu ngati mmene ena amadanila ndi nsikidzi. Ankadananso ndi chipupa chakuda. "Dothi la kudambo ndi la akazi aulesi," ankatelo, "amafuna litsilo lisaoneke."

M'zaka zimenezo madenga ambili kuboma adali a malata a asibesitosi, aja olemela otuwa, osachita dzimbili, osasokosa mvula ikagwa. A Daka ankawadula ndi sowo ali pamwamba pa nyumba. Fumbi likaphimba mzele wa pensulo, ankawelama n'kuliuzila ndi pakamwa kuti aone podula. Madzulo ankafika kunyumba ali mbuu, ndipo amai Daka ankayamba akutumula ovolosi yawo pakhonde asanaichape. Zidutswa zotsala a Daka ankamangilila pa njinga kudzafolelela khola la nkhuku.

Tsiku lina chidutswa chimodzi chidagwa pamwala n'kunyenyeka. Amai Daka adachitola, nachifikisa pakati pa zala. Mkati mwake mudali moyela, muli timaulusi tating'ono ngati ubweya wa chitedze. Nzelu idabwela yokha. Adatola zidutswa zingapo, naziponya mumtondo wakale, nasinja, nasefa, nasakaniza ufa wake ndi dothi loyela. Chipupa chimene adazila chaka chimenecho chidauma popanda mng'alu ngakhale umodzi. Mvula idagwa, idapita, chipupa chili ngwee.

"Amake Misozi," adatelo a Daka powapeza pamtondo nsidze zili mbee, "anzanu amakalamba ndi zaka, inu mwakalamba ndi munsi?"

"Onani wonena! Inu amene mumabwela ngati mwagona m'chigayo."

Adaseka onse awili, Misozi ali kumsana kwa amake, mutu ukugwedezeka ndi munsi.

Mbili idawanda. Anthu opita ku Kalindawalo ankatsika panjinga kuti aone nyumba yoyela ija. Akazi ankabwela kudzafunsa, ndipo amai Daka sadali ouma manja. Adaphunzitsa amai Febby oyandikana nawo, adaphunzitsa a kumpingo, ankagawa zidutswa ngati akugawa mbewu ya maungu. Madenga akale atayamba kuphwasulidwa kuboma, a Daka adabwela ndi zodzaza ngolo, naziunjika kuseli kwa nkhokwe. Chaka ndi chaka mtondo uja unkalila, ndipo ana a m'mudzi ankathamangila kudzaseweletsa fumbi lake. Zikauma zipupa, amai Daka ankazipukuta ndi nsanza youma kuti ziwale, n'kusesa pansi.

A Daka adaleka kukwela madenga mawondo atayamba kuvuta, nabwelela ku khasu. Kwa zaka zambili sadadwale kalikonse. Kenako adayamba kupumila pakati pa mzele polima. Adasiya njinga. Chaka chatha ulendo wa kuchimbudzi chabe udayamba kuwathetsa mpweya. Anthu adati ndi chifuwa chachikulu, koma makhololo atapimidwa sadapezemo kanthu. Pomaliza Misozi adalimbikila kuti apite kuchipatala chachikulu akawajambule pachifuwa, ndipo adapita atatu, a Daka, akazi awo ndi Misozi, Ivan ali kumsana.

Dokotala adali mzimayi wachitsikana. Adayang'ana chithunzi nthawi yaitali, kenako adafunsa kuti, "Bambo, munkagwila nchito yanji?"

A Daka adafotokoza monyadila, natchula ndi masukulu amene adafolela. Dokotala adafunsa za malata aja, za sowo, za fumbi. Ndiye adalongosola pang'onopang'ono kuti timaulusi ta m'malatamo tikauluka munthu amatikokela m'mapapo, ndipo tikalowa sitituluka. Timakhala chete zaka makumi awili, atatu, munthu akulima bwinobwino, koma mapapo akuuma ngati chikopa. Mankhwala ochepetsa kuvutika alipo, koma obwezela mapapo mwakale kulibe. Kwa ena timayambitsa khansa.

"Nanga zovala zawo ankachapa ndani?"

"Ine," adayankha amai Daka. Ndipo pakuti sadali munthu wobisa, adaonjeza kuti, "Koma ine ndimasinjanso."

"Mumasinja chiyani, amai?"

"Malatawo. Mumtondo. Ndimazilila nyumba."

Dokotala adaika cholembela pansi. Adalankhula zambili pambuyo pake, koma amai Daka sadamveko kanthu. M'makutu mwawo munkangomveka munsi, ndipo pamsana ankamva kulemela kwa mwana amene tsopano adakhala pambali pawo, nayenso ali ndi wake kumsana.

Atafika kunyumba amai Daka sadamwe ndi madzi omwe. Adatenga khasu kulunjika m'chipinda chimene mumagona Misozi ndi Ivan. Adafuna kupala chipupa chonse tsiku lomwelo mpaka njelwa zioneke. Khasu lili m'mwamba, Misozi adaligwila mpini.

"Amama, mukufuna kutitsiliza?"

"Ndisiye! Ndachimata ndine, ndichichotsa ndine."

"Simunamve kodi? Adokotala anati musapale, musaswe, musasese pouma. Mukachigwila fumbi lonse lidzuka. Anati chinyowetsedwe, chiphimbidwe."

Amai Daka adatsitsa khasu. Pamenepo ndi pamene adaona bwino m'munsi mwa chipupa, pamsinkhu wa mwana wokwawa. Padali timaenje ndi mizelemizele. Ivan amakonda kukanda chipupa ndi supuni, ndipo masiku onse iwo ankamuseka kuti, "Mwamuna wangayu adzakhala womanga nyumba." Pansi padali kafumbi koyela, pomwe pamayalidwa mphasa yake.

"Ndi ine ndemwe," adatelo Misozi, mawu ali pansi. "Ndili ndi pakati ndinkabenthula pakona apo n'kumadya. Munkandiona."

"Ndinkakuona, mwanawe. Ndinkati ndi nkhuli ya pakati."

"Ndinafunsa za Ivan. Anati palibe angadziwe lelo. Ena amadwala, ena sadwala. Chimene tingathe n'kuleka kuonjezela."

Misozi sadakalipe. Kukalipa kukadakhala bwino. Adangonyamula mphasa ya mwana ndi bulangete kupita nazo kukanyumba kophikila, kamene sikadazilidwepo ndi zoyela chifukwa amai Daka ankati utsi ukadaononga nchito yawo. Koma mvula yoyamba idalowa m'kanyumbamo, udzudzu nawo udachuluka, ndipo patapita masiku mayi ndi mwana adabwelela m'chipinda chija, atapachika zitenje pazipupa. Ndiwo masiku amene amai Daka adayamba kugona khutu limodzi lili kuseli.

A Daka ndiwo amayesa kuseketsa anthu. Ivan akakwela pamiyendo pawo amati, "Iwe, wandilanda mkazi, tsopano ufuna undilandenso mpweya?" Koma tsiku lina ali pakhonde adati, "Amake Misozi, lekani kudziimba mlandu. Zinthuzi ndinabwela nazo ndine, panjinga yanga."

"Munabweletsela nkhuku. Wozilowetsa m'nyumba ndine."

"Tinkadziwa ngati? Ndi mabwana omwe ankaima pansi fumbi likuwagwela m'tiyi."

"Kusadziwa sikuchotsa chimene chalowa," adatelo amai Daka, maso ali pachipupa. Chidali chokongolabe. Ndicho chinkawawa. Akadakonda chikadakhala ndi ming'alu.

Khisimasi itayandikila, m'mawa wina amai Febby adatulukila ndi beseni pamutu.

"Odi kuno! Amake Misozi, ndabwela kudzapempha tizidutswa. Wendy wanga akubwela ndi apongozi ake, ndifuna akapeze nyumba ikuwala."

"Palibe, amake Wendy."

"Palibe? Nanga mulu uwo kuseli kwa nkhokwe ndi mbatata? Mwayamba kaduka muukalamba! Mufuna iwale yanu yokha?"

Masiku ena amai Daka akadabweza chipongwecho n'kuseka. Tsikuli adangoloza pakhonde pamene a Daka adatsamila chipupa, mapewa akukwela ndi kutsika, akulephela kumaliza moni.

"Mukumva mmene akupumila? Ndi fumbi la zimenezo. Si ufiti, si chifuwa chachikulu. Adokotala anationetsa pachithunzi."

Amai Febby adatula beseni. "Nanga ife tasinja zaka zonsezi?"

"Ndinakuphunzitsani ndine."

"Ndi zidzukulu zanga zimagona m'menemo, amake Misozi."

"Ndikudziwa. Nanenso wanga ndi uyo."

Adakhala pansi onse awili. Ivan adatuluka akukwawa, supuni yake ili m'manja, nalunjika kuchipupa cha pakhonde. Misozi adamutola asanafike, namulanda supuni, mwana n'kuyamba kulila. Amai Daka adamuyang'ana, nayang'ana nyumba imene idawapatsa dzina ku Nyampande konse, ndipo adaimilila namanga chitenje m'chiuno.

"Misozi, mawa m'mawa utengele mwana kwa azakhali ake ku Kalindawalo. Atate ako akakhale kwa anzawo a Benson mpaka dothi liume. Musabwele ndisanakuitaneni."

"Muchita chiyani, amama?"

"Ndithila madzi zipupa zonse, ndizimata ndi dothi la kudambo. Lochindikala, mkati ndi kunja. Likachita ming'alu ndidzamatanso. Zidutswa zija tizinyowetsa, tizikwilila m'dzenje lakuya kutali ndi chitsime, pamodzi ndi mtondo, munsi ndi sefa."

"Lakuda?" adafunsa amai Febby. "Inu? Lija la akazi aulesi?"

"Lomwelo. Tolani beseni lanu, tiyambe kututa dothi lelo. Tikatha yanga tibwela kwanu. Pobwela kudambo tidzele kwa amake Jerry, nawonso ndinawaphunzitsa ndine, ndinamva mtondo ukulila kumeneko dzulo."