Mudzi wa Dongo pa Lichero

Tsiku limenelo ndinkapirikitsa mbalame m'munda wa mpunga. Ngala zinali zitayamba kuwerama, ndipo mpheta zinkandivutitsa kuyambira m'mawa. M'manja ndinali ndi chitini cha timiyala. Mwadzidzidzi mbalame zonse za m'dambomo zinauluka nthawi imodzi, ine ndisanagwedeze chitini. Kulira kwa mfuti kunafika pambuyo.

Kwathu kunali ku Mozambiki, kum'mawa kwa nyanja ya Chilwa. Ndinali kamtsikana kosatha msinkhu. Nkhondo ndinabadwiramo, koma inali isanapondepo m'dambo mwathu.

Amayi anabwera akuthamanga m'matope, duku litagwa. Anandigwira pamkono, tinalowa m'mabango. Bambo anali atatsala kunyumba, mwendo utatupa ndi chilonda. Za iwo sitinalankhule.

M'mabango munali nkhungu. Madzi ankandifika pachifuwa, ofunda ngati osambira. Akakowa anali ataima phee, oyera mbee, osatiopa n'komwe. Mpaka lero ndikamakumbukira malo amenewo ndimakhala ngati ndinachita kulota. Misundu yokha ndiyo inali yeniyeni.

Tinapeza bwato la msodzi wina litadzaza ana. Malo anatsala a munthu mmodzi, wamng'ono. Amayi anandikweza, n'kundigwira kumaso ndi manja onse awiri.

"Jasinta, wina akakufunsa kwanu, usanene. Ngakhale akupatse chakudya, usanene. Ine ndikukatenga bambo ako."

Inu obadwa pambuyo simungamvetse. Amuna a mfuti ankafunsa dzina la mudzi. Ukatchula mudzi umene ankauganizira kuti umadyetsa adani awo, zako zinkathera pomwepo.

Msodzi uja ankakankha bwato ndi nsungwi yaitali. Amayi anachepa, anachepa, mpaka nkhungu inawatseka.

Tinakocheza ku mbali ya Phalombe, pagombe ponunkha matemba. Mayi wina wogulitsa nsomba, a Mulekano, anandiyang'ana miyendo yotuluka magazi ija, nandikweza panjinga mpaka kwawo ku Jenala. Ankalankhula Chilomwe ngati chakwathu. Ndinawauza dzina langa lokha.

Anandifunsa kwathu. Akulu a mpingo anafunsa. Anthu a boma anafunsanso, mokoma mtima ndithu. Ndinaona kuti mawu amakokana, ukatulutsa amodzi ena amatsatira. Ndiye ndinangosiyiratu kulankhula. Ndinkasesa, ndinkatunga madzi, pakamwa pali tsekee.

Dzinja linadutsa, linanso linadutsa. Kwathu nkhondo inatha. Kuno anthu anayamba kuimika zala ziwiri m'misewu, nkhani ili matipate. Malole anayamba kunyamula othawa nkhondo kubwerera nawo kwawo. Ndikamva lole ikudutsa, ndinkathamangira kumsewu kukaisuzumira. Ndinkaopa kuti amayi ali momwemo, akupita osadziwa kuti ndili moyo. Koma anali atandiuza kuti ndisanene, ndipo panalibe amene akanamasula mawuwo koma iwo okha. Kunamvekanso zoti andipititse kunyumba yosungirako ana amasiye, kutauni.

Ndi nthawi imeneyo pamene kunabwera mayi Mukhwapa. Anali wachitsikana, akuphunzirabe ntchito ya zachisamaliro cha anthu, ndipo sukulu yawo inawatumiza kuti adzayesere ntchitoyo kumudzi. Anandipeza ndikuzira khonde. Ndinadikira funso lija. Silinabwere.

Anakhala pansi, pambali panga, osati kutsogolo. Anatapa dongo langa pang'ono, nayamba kuumba ng'ombe. Aa, koma ng'ombe yake! Inali ngati chule wanyanga. Ine ndine munthu wosapirira zinthu zopindika, mpaka lero ana anga amadandaula. Ndinailanda, ndinaikonza miyendo ndi linunda. Iwo anangoti, "Eya, tsopano yadzuka."

Anabweranso mlungu wotsatira, atatenga lichero lakale. Ng'ombe inafuna khola, ndinaumba khola. Khola linafuna nyumba. Ndinaumba nkhokwe, chitsime, ndi phiri lakwathu la mutu wogawanika pakati. Kuseri kwa nyumba ndinaika kamtumbira kakang'ono. Pakhomo ndinaimika anthu atatu. Mayi Mukhwapa ankangonyowetsa dongo n'kumandipatsira. Masiku ena tinkakhala mpaka mthunzi kusuntha, popanda liwu lililonse.

Mudzi utauma, anandifunsa funso limodzi lokha.

"Jasinta, ndingaunyamule mudziwu ndikaonetse anthu? Ukakana, ukhala pompano."

Ndinaganiza nthawi yaitali. Amayi anati ndisanene. Za kuumba sananene kanthu. Ndinagwedeza mutu kuvomera.

Anamanga lichero lija pakaliyala, atalifunditsa chitenje. Ankapita nalo m'misika ndi m'malo olandirira ufa, n'kulitula pansi, iwo n'kukhala pambali. Zimenezi anadzandifotokozera pambuyo pake. Phirilo ambiri analizindikira. Amayi awiri anati mwana woumba mudziwo ndi wawo, ndipo mwina sankanama mwadala, chifukwa otaya ana anali ambiri. Mayi Mukhwapa ankaloza kamtumbira kaja n'kufunsa kuti n'chiyani. Woyamba anati ndi chulu. Wachiwiri anati ndi mzere wa mbatata. Mayi Mukhwapa anawathokoza onse awiri, nalonjeza kuwathandiza kufufuza ana awo, koma kwa ine sanawabweretse.

Patapita zaka inenso ndinalowa sukulu ya ntchito yomweyo. Aphunzitsi ankatiuza kuti uziyambira pamene munthu ali, osati pamene iwe ukufuna kuti afike. Uzipempha chilolezo ngakhale kwa mwana. Usamapereke mwana kwa munthu usanatsimikize. Ankatiyeseretsa kukhala chete awiriawiri, anzanga n'kumaseka chifukwa cheteyo ankawayabwa. Iwo ankaloweza za mayeso. Ine ndinkangomva fungo la dongo lonyowa, ndipo tsiku lina ndinatuluka m'kalasi kukalira kuseri.

Pamsika wa Chiringa, mayi wina woonda anagwada pafupi ndi lichero. Sanayang'ane phiri. Anaika chala pa kamtumbira kaja asanafunsidwe, nati, "Apa pagona Rozina wanga, anapita ndi chikuku." Rozina anali mng'ono wanga. Dzina la mayiyo linali litalembedwa kale pa lole yobwerera kwathu mlungu womwewo.

Anafika ku Jenala masana, dzuwa lili pamutu. Ndinali kumtondo. Ndinaona njinga ikukankhidwa, pakaliyala pali lichero, pambuyo pakubwera munthu woyenda ngati amayi koma wamng'ono kuposa mmene ndinkawakumbukira. Musi unandipulumuka. Sindinathamange. Ndinaopa kuti ndikasuntha ndidzuka.

Anandigwira kumaso ndi manja onse awiri, ngati pabwato paja.

"Wachita bwino, mwana wanga. Tsopano nena."

Ndinatchula dzina la mudzi wathu. Liwu linatuluka lokalipa ngati chitseko cha nkhokwe yakale. A Mulekano anayamba nthungululu, kenaka analephera kumaliza. Mayi Mukhwapa anatembenuka, akuchita ngati akukonza tcheni cha njinga.

Tinakhala pansi pakhonde, lichero lili pakati pathu. Ndinafuna kufunsa za bambo, koma ndinaopa. Ndinangoloza anthu atatu aja oima pakhomo. Amayi anawayang'ana nthawi yaitali. Kenaka anatambasula dzanja, nazula wamtali uja pang'onopang'ono kuti asathyoke, n'kumugoneka kuseri kwa nyumba, pambali pa Rozina.

Pakhomo tinatsala awiri.