Jekete la malemu m'chigafa

Mu 2009, ndili ndi zaka 52, ndinagula munda kwa a Phiri ku Chulu. Anamwalira asanandipatse, ana awo n'kukana mgwirizanowo.

Njira yokasuma kuboma imadutsa pachigafa chawo, pomwe jekete la malemu linkalendewera pakati pa fodya. Masanasana, kopanda mphepo, linkatembenukira kwa ine. Ndinkabweza njinga, n'kukauza mayi akunyumba kuti akhoti akuchedwetsa. Chigafa chinagwa, anamanga china, jekete lija lili pomwepo.

Chaka chatha ndinazungulira njira ina. Kalaliki wa kukhoti anati, "Agogo, nthawi yosumira inatha kalekale. Munali kuti?" Ndinati ndinkadwala.

Ndinataya munda, fodya wa zaka zonsezo, ndiponso mawu pakhomo panga, chifukwa choopa chovala.