Chingwe cha Che Jafali

Ndikangonunkhiza mafuta otentha aja opaka m'mawondo, mtima umabwerera ku Ntaja, pakhonde la abiti Saidi, pomwe mwana wawo Che Jafali ankakhala m'mawa uliwonse atatambasula miyendo yawo yotupa, utsi wa zinyalala zomwe ndinkatentha ukuwoloka mpanda n'kumawatsokomoletsa, mabelu a akabaza akulira kumsewu. Nyumba yathu ndi yawo zinkalekana ndi mpanda wa udzu basi.

Che Jafali anapita ku Amereka ali mnyamata, atatengedwa ndi amalume awo. Thupi lawo lalikululo linawapezera ntchito yosewera mpira wa kumeneko, wosongoka ngati papaya, womwe amuna amasewera atavala zisoti n'kumagundana mitu ngati nkhosa. Ankalipidwa bwino, ndipo pamudzi tonse tinanyambitako: malata a mzikiti, mjigo, fizi ya ana a eni. Bondo litathyoka kachiwiri timu yawo inawataya, iwo n'kubwerera kwa amayi awo.

Tsiku lina ndikuwapatsira madzi akumwa ndinawafunsa kuti anagoletsa zigoli zingati. Anaseka mpaka misozi.

"Iyayi, mwanangu, ine mpira sindinkaugwira n'komwe. Ntchito yanga inali kuima kutsogolo ngati khoma, azindigunda ine kuti wina athamange."

Mutu unayamba kusokonekera pang'onopang'ono. Anayamba kuiwala dzina langa, kenaka n'kumasochera pamsika pomwe anakulira. Tsiku lina phokoso litawasokoneza anagubuduza benchi la tomato, anthu n'kubalalika. Madokotala a ku Amereka anali atawauziratu kuti kugundana kuja kumavulaza ubongo, ndipo abiti Saidi ankafotokozera aliyense zimenezi. Koma ndani akanawamvera? Anthu omwe aja anadya nawo anayamba kunong'onezana kuti munthu salemera choncho ndi masewera, ameneyu anakhwima, ndipo chizimba chamutembenukira.

Amuna a pamudzi anagwirizana zowatengera kwa sing'anga wina cha ku Mposa kuti akaulule. Wotsogolera anali bambo anga, atanyamula chingwe cha mbuzi yathu. Abiti Saidi anadzigwetsa pakhomo n'kutsekereza njira.

"Mwana wanga sanakhwime! Anamuphwanya mutu akudyetsa inu nomwe. Msiyeni ndimusamale ndekha!"

"Amayi, tachokani apo," anatero bambo. "Mukufuna mawa aphe mwana wa munthu?"

Che Jafali akanafuna akanawamwaza onsewo ngati nkhuku. Koma anangoyang'ana amayi awo ali m'fumbi, natambasula manja okha.

"Musawakankhe amayi. Mangani."

Kwa sing'angako anawamangirira pamtengo, akuwamwetsa zowawa ndi kuwafunsa komwe anabisa chizimba. Analibe choti aulule. Mvula isanagwe anabwerako ali mtembo, m'mikono muli mabala okhaokha. Pamaliro panadzaza anthu, mpunga unadyedwa mpaka kukokota miphika, koma palibe anatchula za mtengo uja. Abiti Saidi sanapatsenso moni munthu wamkulu aliyense pamudzipo kufikira imfa yawo.

Chimene chimandiwawa kwambiri n'chakuti bambo anabwera nacho chingwe chija n'kumangiranso mbuzi, ngati anangobwereketsa kwa mnzawo. Ndipo ntchito yomasula mbuziyo m'mawa uliwonse inali yanga.

Bambo anamwalira osapepesa, akunenabe kuti anapulumutsa mudzi. Lero ndine mayi wa ana akuluakulu, ndipo ndikudziwa kuti mwana ayenera kupempherera kholo lake. Dua ndimachita ndithu, sindijomba. Koma ndimayamba ndi dzina la Che Jafali, kenaka la abiti Saidi, ndipo la bambo anga ndimalitchula pomaliza, mochita kudzikakamiza.