Wailesi ya Atate Tsiku la Maliro

Ku Chawama, komboni imene tinkakhala, mwezi wa Juni umanunkha utsi wa mbaula ndi fumbi. Chaka chimene atate anabwerako ku dziko lakutali, kumene anawatumiza ndi asilikali anzawo kukasungitsa mtendere, ine Tisa ndinali kamtsikana kong'aluka zidendene ndi chisanu. Anabwera athunthu, miyendo ndi manja zili m'malo, atanyamula wailesi yaikulu yakuda. Anthu anati tachita mwayi.

Kenaka kwa a Mwanza, khoma ndi khoma ndi ife, kunagwa maliro. Kwathu kuja maliro ali ndi malamulo ake: azimayi amayamba kulira akadali pamsewu, amuna amakhala panja pa tenti, ndipo nyumba zoyandikana zimazimitsa wailesi. Kulira kutayamba, ndinaona atate akutuluka thukuta kunja kukuzizira. Anatseka chitseko n'kukweza wailesi mpaka pamapeto. Rumba inasefukira mpaka pa tenti.

Amayi anagwada. "Batate bake Tisa, zimyani, bantu bazakamba chani?" Atate ankangoyang'ana khoma. Kumaliroko sanapondeko.

Komboni siiwala msanga. Matimati a amayi anayamba kuvunda pathebulo la pageti, ogula akudutsa ngati sakuwaona. Pampopi azimayi ankasiya nkhani tikafika. Anzanga anawaletsa kusewera ndi mwana wa "ba soja bonyada", ndipo ndinkasewera chiyato ndekha kuseri kwa nyumba. Ndinawada atate nyengo imeneyo, sindibisa.

Chisanu chisanathe, mlongo wanga wakhanda, Dalitso, anamwalira ndi chifuwa. Maliro n'kulirana, ndipo ife tinali tisanalire a anzathu. Pamsewu sipanamveke aliyense akubwera molira. Anafika azimayi awiri a kutchalitchi, basi. Mawu a amayi okha ankamveka aang'ono kwambiri m'nyumba muja.

Atate anamukulunga Dalitso m'bulangete mwamsanga, mosalakwitsa, moti ndinachita mantha ndi manja awowo. Atatero anatulutsa mabenchi n'kuwandandalika pabwalo pokhala amuna. Anakhala pa limodzi, ine n'kukhala pambali pawo. Tinadikira mpaka dzuwa linapendeka.

"Kwamene ninali, bazimai benzolira so," anatero atate osandiyang'ana. "Ise tinaimirira chabe na mfuti. Banatiuza kuti tisachite kanthu."

Ndinaganiza kuti akufuna kudziyeretsa, ndipo ndinasendera kumapeto kwa benchi.

Pa nthawiyo ndinkati mabenchi aja anali opanda anthu chifukwa atate anali ouma mtima. Lero ndapyola msinkhu umene iwo anali nawo, ndipo ndikudziwa kuti kulira kwa pamaliro a kwa a Mwanza atate anakumva kuposa tonsefe. Komboni yonse inawalanga osawafunsa kanthu. Nkhani yawo anaiuza munthu mmodzi yekha, kamtsikana kokwiya, ndipo sanaibwerezenso.