Dzina limene ndinkaopa kulitchula

Ndinafika ku Phwezi ndili mtsikana, nditangokwatiwa, ndi sutikesi imodzi komanso Chichewa changa cha ku Dowa. Pa Chitumbuka ndinkangodziwa "yewo" basi. Amuna anga ankagwira ntchito yolondera nyama zakutchire ku Chelinda, pamwamba pa phiri, ndipo ankatsika mwa apo ndi apo, galimoto ikapezeka. Anandisiya pamudzi pa makolo awo, pakati pa anthu amene ndinkayesa akukangana pomwe akungofunsana za mvula.

Dzina langa la paubatizo linatsalira m'basi. Kuno mkazi amamuitana ndi mfunda wa bambo ake, kutsogolo n'kuikako Nya, monga kwathu timaikira Na. Masiku oyamba ankandiitana ine osacheuka, posadziwa kuti akunena ine. Alamu anga, achemwali awo a amuna anga, anayamba kuuza anthu kuti mtengwa wa ku Dowa ndi wonyada. Ndinamva pambuyo pake kuti iwo ankafunira mchimwene wawo mkazi wina, mnzawo wa m'kwaya.

Mulungu anatipatsa mwana wamwamuna mvula itangoyamba. Mchombo utagwa, abale anasonkhana pakhonde kuti amutche dzina. Kuno dzina limachokera kuchimuna, mayi amangokhala phee. Apongozi anga aakazi anamunyamula, koma sanayang'ane mwanayo. Anayang'ana anthu, mmodzimmodzi, n'kunena mokweza kuti, "Temwani."

Ena anaomba m'manja. Alamu anga anayang'ana pansi.

Khutu langa la Chichewa linamva kutema, kutema kwa chikwanje ndi nkhwangwa. Ndinakulira pakati pa a Mavuto ndi a Misozi, ndiye ndinkadziwa kuti dzina limalankhula, ndipo nthawi zina limalankhula zowawa. Koma dzina louza mwana kuti atemedwe ndinali ndisanalimvepo. Ndinati basi, anthu awa sandifuna, ndipo mkwiyo wawo augwetsera pa khanda.

Ndikanafunsa ndani? Amuna anga anali kuphiri, msewu utaonongeka ndi mvula, mafoni kunalibe. Alamu anga ankadziwa Chichewa bwino, koma kuwafunsa iwo kunali ngati kunena kuti mayi awo ndi mfiti. Mwanayo ndinkamuitana "bambo", "kamwana kanga", chilichonse kupatula dzina lija. Ndikamamusambitsa ndinkapemphera kuti Ambuye alibunthitse dzinalo lisamugwire. Munthu akadutsa ndi chikwanje popita kumunda, ndinkalowa naye m'nyumba.

Ngakhale kutchalitchi sindinkapuma. Abusa ankabwereza mawu omwewo, kutemwa, kutemwa, uku akumwetulira, amayi n'kumagwedeza mitu mokondwa. Ine ndinkakhala kumbuyo mwana ali pachifuwa, n'kumadzifunsa kuti kodi ndakwatiwa kwa anthu otani.

Pamudzi anazindikira msanga. Tsiku lina ndikuchapa matewera, alamu anga anaima pambali panga n'kunena kuti, "Alamu, mwana wathuyu alibe dzina kodi? Kapena muli nalo lina la ku Dowa mwabisa m'sutikesi?" Ndinangopitiriza kuchapa. Posakhalitsa anandiuza, ngati nkhani wamba, kuti amuna anga akatsika akuluakulu adzakhala pansi. Anati mkazi wokana dzina wakana banja, ndipo wotero atha kubwerera kwawo. Koma mwana sapita, popeza ng'ombe za malowolo zinaperekedwa kale. Kuyambira pamenepo chakudya chinasiya kulowa. Ndikatchula dzina, ndikutemberera mwana wanga ndi pakamwa panga. Ndikapanda kulitchula, andilanda.

Chithandizo changa chinali kuchigayo. Ndili pamzere ndinamva mayi wina akudandaula kuti ufa wake wapita ndi mphepo, m'Chichewa chenicheni cha kwathu. Ndinatsala pang'ono kumukumbatira. Anali mkazi wa mlangizi wa zaulimi, wochokera ku Ntcheu, ndipo anali atakhala kuno zaka zingapo. Anasuzumira kumsana kwanga n'kufunsa dzina la mwana. Misozi inangotsika. Ndinamukokera kuseri kwa chigayo, n'kumunong'oneza dzinalo ndi mantha anga onse.

Anaseka mpaka anakhala pathumba lake la ufa. "Mayi inu, mwavutika chabe. Kuno kutemwa ndi kukonda. Temwani ndiye kuti kondani. Ine sabata yoyamba ndinatsala pang'ono kuthawa m'tchalitchi, ndinkayesa abusa akuti titemane."

Ndinaseka naye uku ndikulira, ufa uli mbuu kumaso.

Nditabwerera ndinapeza apongozi akusoka fodya m'chigafa. Ndinagwada, ndinamasula mwana kumsana, n'kumuitana dzina lake koyamba, iwo akumva. Kenako ndinafotokoza mmene ndikanathera, mawu ochepa, manja ambiri, mpaka kusonyeza chikwanje chimene chinali pakhoma. Anagwira pakamwa, anaseka pang'ono. Atatero analankhula m'Chichewa chawo chothyokathyoka.

"Mkamwana, mkazi wa mwana wanga, khanda silimva kanthu. Ndimauza awa." Analoza ndi chibwano nyumba ya alamu anga ndi nyumba zina zonse. "Kuti akukonde iwe. Uli wekha chomene."

Ndiye kuti miyezi yonse ija ndinkathawa dzina limene linali kundipempherera ine. Mayi amene sitinkamvana chilankhulo anali ataona zonse, ndipo anasankha mawu oti azimveka pabwalo tsiku lililonse, mwana akaitanidwa kudzasamba kapena kudzadya.

Akuluakulu sanakhalenso pansi. Alamu anga sanasinthe tsiku limodzi, ayi, zinatenga zaka. Koma ndi iwo amene anadzandigwira mkono pamaliro a amuna anga, ndipo ndi ine amene ndinkawatembenuza pamphasa atadwala matenda awo omaliza.

Lero onsewo anapita. Apongozi, amuna anga, alamu anga, agona kuseri kwa munda wa fodya umene sindilimanso. Mayi wa ku Ntcheu uja anasamutsidwa ndi amuna ake chaka chomwecho, sindinamuonenso, koma ndimamutchulabe m'pemphero. Mwana wanga amagwira ntchito ku Lilongwe. Kumeneko amadziwika ndi dzina lachingerezi la paubatizo, chifukwa anzake a kuntchito ankamuseka, ati aliyense abise chikwanje, wabwera uja. Sindimuimba mlandu, ine ndine ndani pa nkhani imeneyo. Adzukulu anga ali ndi maina amene lilime langa limapunthwa nawo. Ndinafunsa tanthauzo, bambo awo anati alibe, amangomveka bwino. Ndinati zikomo, Mulungu awakuze.

Nyumba yakula tsopano. Ndimasesa zipinda zimene simugona munthu. Dzina langa la paubatizo palibe amene amalidziwa pamudzi pano, ndipo la Nya lija linapita ndi amene ankalitchula. Latsala limodzi, londitchula kuti mayi a Temwani. Munthu akamadutsa panjira popita kudimba amaitana kuti, "Anyina Temwani, mwawuka uli?" Ndimayankha msanga, nthawi zina ndisanaone n'komwe kuti ndi ndani, ndipo ndimamuchedwetsa ndi mafunso a mbuzi ndi a ana mpaka achite kutsanzika kawiri.

Pali masiku ena amene sipadutsa munthu. Masiku otero ndimalitchula ndekha, ndikuyanika zovala, mokweza ndithu monga analitchulira apongozi pakhonde paja, nditayang'ana nyumba zimene zatsala.