Mmene Adada Anathetsera Agiriki ku Euthini

Fungo la choko limandikumbutsa a Kamwendo, aphunzitsi athu a ku Euthini, amene kwawo kunali ku Dedza. Tsiku lina mvula ikusokosa pa malata, anatseka buku n'kutiuza za nkhalamba ina ya ku Girisi, kholo la anthu oganiza mozama a kwa Azungu. Inkayenda mumsika yopanda nsapato, kufunsa akuluakulu kuti chilungamo n'chiyani. Iwo atasowa yankho, anaimwetsa poizoni.

Ine ndinkayesa kuti Girisi ndi mudzi wa kuseri kwa Jenda. Nditafika kunyumba ndinauza adada, omwe anali tcheyamani wa chipani m'dera lathu, kuti aphunzitsi akuti boma lapha nkhalamba.

M'mawa mwake adada anatulukira pasukulu ndi anyamata atatu a malaya ofiira.

"Aphunzitsi, munthu wanuyo ngwa kwa mfumu yani?"

"A tcheyamani, ameneyo anamwalira kalekale, Yesu asanabadwe."

"Mbwenu khadi la chipani anali nalo?"

"Analibe, a tcheyamani."

"Mwamva? Avomera okha!" anatero adada potembenukira anyamata aja.

A Kamwendo anawakweza m'galimoto ya apolisi. Anabwerako patapita miyezi isanu atawonda, khutu limodzi litagontha, ndipo kuyambira pamenepo ankangotiphunzitsa masamu basi. Adada ankadzitama pamowa kuti Agiriki anawathetsa m'boma lonse la Mzimba.

Nditakula ndinawerenga kuti nkhalamba ija, asanaiphe, anaipatsako mpata wodziyankhira m'bwalo la milandu. Kwathu zimenezo zinali kutaya nthawi.